Kwatsala Mphindi Zisanu

Anagogoda kasanu, ndi chibakera. Linali Lachiwiri loyamba la Malichi 2018, nthawi itangopitirira pang'ono sikisi koloko m'mawa, ine nditavala kale jasi ndi nsapato imodzi. Ndinkachita lendi chipinda cha pamwamba m'nyumba ina ku Highfields, mumzinda wa Leicester, ndipo ndinkathamangira basi ya hafu sikisi.

Anali anayi, amuna atatu ndi mkazi mmodzi, onse atavala zakuda. Mkaziyo ananditchula dzina langa lonse, ngakhale lapakati lija limene mayi anga okha ndiwo ankalidziwa. Anati ndi a zolowa ndi kutuluka m'dziko, ndipo ndiyenera kupita nawo. Anali aulemu, ndisaname. Mmodzi anachita kupukuta mapazi asanalowe.

"Pali munthu akundidikira seveni koloko," ndinatero.

"Tikudziwa," anayankha mkaziyo. "N'chifukwa chake tabwera."

Anandipatsa mphindi khumi zolongedza. Munthu ukadzidzimuka umalongedza zopusa. Ndinatenga Baibulo, chitenje, mankhwala a kuthamanga kwa magazi ndi masokosi osafanana, koma mswachi ndinauiwala. M'thumba la jasi munali lipisitiki yofiira imene ndinagula dzulo lake, yomwe sinali yanga. Potuluka, bambo wa shopu ya pakona, amene kwa zaka zinayi ankandipatsa moni m'mawa uliwonse, anali akutsegula zitseko zake zachitsulo. Ataona galimoto ija anatembenuka n'kuyamba kukonza makatoni a mkaka amene anali okonzeka kale. Sindimusungira chakukhosi, nayenso anali ndi mapepala ake owadera nkhawa.

Munthu amene ankandidikirayo sindimutchula dzina, monganso sinditchula wina aliyense m'nkhaniyi. Ndinkawatcha Dona, ndipo dzinalo analikonda nditawauza kuti kwathu limapatsidwa kwa mayi wachizungu wolemekezeka, makamaka wovutirapo. Anali Mjeremani, wa zaka zoposa makumi asanu ndi atatu, ndipo moyo wawo wonse ntchito yawo inali kusewera m'zisudzo ndi m'mafilimu.

Ndinawadziwa mu 2014, kampani yosamalira okalamba m'makomo mwawo itanditumiza kunyumba kwawo ku Stoneygate. Tsiku loyamba ndinatsegula ndi kiyi ya m'kabokosi ka pakhoma, monga tinaphunzitsidwira, n'kulowa kuchipinda ndikuimba moni wonyengerera uja timapatsa nkhalamba ngati makanda. Anandigenda ndi silipasi.

"Sindine mwana wako, ndipo muno si m'ndende," anatero m'Chingerezi chawo cholemera. "Tuluka, ugogode."

Kugogodako anandiphunzitsa okha. Katatu, ndi chala chopinda, osati chikhatho. Kenako mawu atatu a Chijeremani otanthauza kuti kwatsala mphindi zisanu, chonde. Ndi mmene amamuitanira wosewera ali m'chipinda chovalira, nsalu ya pabwalo isanatsegulidwe. Lilime langa la ku Zomba linalimbana ndi mawuwo sabata yathunthu, iwo akuseka mpaka kutsokomola.

Mbiri yawo ndinaimva pang'onopang'ono, ine ndikusita, iwo atakhala pampando wa pawindo. Anayamba ali mtsikana, m'tauni ina ya kum'mawa kwa Germany, dzikolo lili logawidwa pawiri. M'sewero lawo loyamba ntchito yawo inali kulowa ndi thireyi ya makapu n'kutuluka osanena kanthu. Tsiku lachitatu anagwetsa thireyiyo, anthu n'kufa nako kuseka, ndipo mkulu wa sewero anawauza kuti azigwetsa tsiku lililonse. Patapita zaka zochepa anali kutsogolo, kenako m'mafilimu, aja akale opanda utoto. Anandionetsa zithunzi zake. Khosi lalitali, nsidze ngati zolemba ndi khala, maso oti ukawayang'ana umayamba kukumbukira zolakwa zako. Nkhope imeneyo inkapachikidwa m'masiteshoni a sitima.

Kenako mkulu wa sewero uja anamangidwa chifukwa cha nthabwala ina imene inanenedwa pabwalo. Apolisi achinsinsi anabweretsa kalata yoti osewera onse asaine kuti bamboyo anali mdani wa boma. Onse anasaina kupatula Dona. Iwo ankati sikunali kulimba mtima ayi, kunali kuuma mutu basi, ndipo ine wouma mutu mnzawo ndinawamvetsa. Apolisiwo anawasunga m'ndende masiku khumi ndi limodzi. Atatuluka anapeza dzina lawo litachotsedwa pa zikwangwani zonse, ndipo kwa zaka zinayi ankasita zovala za osewera anzawo m'chipinda cha pansi pa bwalo lomwelo, akumva anthu akuwomba m'manja pamwamba pa mutu wawo.

Atawalola kutuluka m'dzikomo anakwatiwa ndi Mngerezi wina wophunzitsa, ali ndi chiyembekezo choti ayambiranso. Koma lilime linawagulitsa. Kwa zaka makumi awiri anthu a kanema wa kuno ankangowapatsa mbali imodzi, ya mlonda wa ndende m'mafilimu a nkhondo. "Kwathu alonda ananditsekera," ankatero, "kuno anandilemba ntchito yotsekera ena." Ankaseka ponena zimenezi, koma ankati akatha kuseka n'kundiuza kuti tiyi wazizira pamene anali wotentha.

Ine ndinasewerako kusekondale, mbali ya wapolisi chifukwa cha kutalika kwangaku, ndiye ndinkadziona ngati mnzawo pantchito. Iwo ankandiyang'ana mmene dokotala amayang'anira wogulitsa mankhwala pamsika. Komabe tsiku lina anandiphunzitsa.

"Osadziwa kusewera amakuwa," anatero. "Mlonda weniweni sakuwa. Amakuuza zikomo, n'kumayang'ana pamphumi pako, osati m'maso. Ndipo akamakufunsa mafunso amakhala chete nthawi yaitali kuti iwe uyankhule wekha. Usamamuthandize."

Ndinaseka. Ndinkaganiza kuti akundiphunzitsa sewero.

Chakumayambiriro kwa 2017 mutu wawo unayamba kuthawa. Chingerezi ndicho chinatsogola kuchoka, kenako dzina la mwana wawo, kenako njala. Chimene chinatsala ndi kugogoda kuja. Ndikagogoda katatu n'kunena mawu aja, ankadzuka, kukhala pagalasi, kudzola paudala, kupaka lipisitiki, kenako kumwa tiyi ndi phala, poti wosewera salowa pabwalo m'mimba mulibe kanthu. Zonsezi zinkatenga ola lathunthu ndipo sizinkatheka kuzifulumizitsa. Wina akalowa ndi kiyi osagogoda, ankatembenukira kukhoma n'kutseka pakamwa tsiku lonse. Ankaganiza kuti abweranso anthu aja.

Mu Seputembala chaka chomwecho kampani yathu inatsekedwa, chilolezo changa chogwirira ntchito n'kupita nayo limodzi. Loya wanga anatumiza pempho latsopano, n'kundiuza kuti podikira yankho ndisagwire ntchito iliyonse. Ndinamvera. Yunifolomu ndinabweza, malipiro anasiya, ndipo ndinkadya zimene a kumpingo ankandigawira.

Koma kwa Dona ndinkapitabe. Kampani yatsopano inkatumiza anthu osinthasintha, aliyense ndi mphindi makumi awiri, ndipo sabata yoyamba phala linkabwerera kukhitchini mmene lapitira. Anzangawo sindikuwanena, ntchitoyo ndikuidziwa kuthamanga kwake. Koma kwathu sitisiya wodwala chifukwa choti abwana asintha. Ukayamba kudwazika munthu umadwazika mpaka achire kapena mpaka umutseke maso. Sindinamufunse loya ngati kuzonda wodwala ndi ntchito, monganso sindikanamufunsa ngati kupita kumaliro ndi ntchito.

Ndipo ndinkalemba. Pakhitchini panali buku limene osamalira amalembamo zimene achita, ndipo dzanja langa linali litazolowera. Tsiku lililonse ndinkalemba nthawi yofika, kuti adya bwanji, kuti amwa mankhwala, nthawi yochoka, dzina langa pansi. Kupusa kwenikweni kunabwera mu Januwale. A boma atafuna umboni woti ndine munthu wakhalidwe, ndinapempha mwana wa Dona, bambo wofatsa wokhala ku Derby, kuti andilembere kalata. Analemba yokoma mpaka ndinagwetsa misozi. Ine, pofuna kuwonjezera mchere, ndinajambulitsa masamba a buku lija a miyezi inayi n'kuwatumiza ndekha, osadzera kwa loya. Ndinkanyadira kuti aone okha kuti sindine mlesi.

Masamba amenewo ndinawapeza patebulo m'mawa wa Lachiwiri lija, cha m'ma leveni, m'chipinda chopanda windo chimene mipando yake inali yokhomeredwa pansi. Dzina langa analilemberera ndi utoto wachikasu paliponse pamene linkaoneka. Wondifunsa anali bambo wocheperapo kwa mwana wanga woyamba, ndipo anali ndi chimfine.

"Ili ndi dzanja lanu?"

"Inde."

"Masiku asanu ndi limodzi pasabata, seveni mpaka eyiti. Ankakulipirani ndani?"

"Palibe."

"Mayiyu ndi m'bale wanu?"

"Ayi."

"Ndiye munkapitiranji?"

"Sadya ndikapanda kupita."

Analemba. Kenako anaika cholembera pansi n'kukhala chete, akuyang'ana pamphumi panga. Ndinazindikira pomwepo chimene ankachita, ndipo ndinamva mawu a Dona m'khutu ngati ali pambali panga. Ndinayamba kuwerenga timabowo ta kudenga. Mwina ndinapirira mphindi ziwiri. Dona anapirira masiku khumi ndi limodzi, koma Dona sanakulire ku Zomba. Ife tinaleredwa kuti munthu akakufunsa usamusiye m'malere, ndipo pakamwa pangapa sipanaphunzirepo kutseka. Ndinamuthandiza. Ndinamuuza za kugogoda, za galasi, kuti Loweruka ndinkawasambitsa chifukwa ena ankawaopa, kuti mwana wawo ankandikhulupirira moti pa Khirisimasi anandigulira jasi imene ndavalayi.

"Jasi," anatero, akutola cholembera chija. "Ndiye kuti munalandirapo kanthu."

Ndinafuna kuivula n'kumuponyera patebulo, koma m'chipindamo munkazizira. Ndinachita manyazi kuti ndinasankha kufunda.

Atatseka fayilo ndinamupempha chinthu chimodzi, choti wina aimbire mwana wa Dona kumuuza kuti mayi ake sanadye. Anati zimenezo si za ofesi yawo. Kenako anandithokoza chifukwa chothandizana nawo bwino.

Tinayenda maola awiri m'galimoto ya mawindo akuda, n'kufika dzuwa likulowa pa nyumba zazitali za pakati pa minda. Anandilanda foni, lamba ndi lipisitiki ija, n'kuziika m'pulasitiki yolembedwa nambala imene kuyambira pamenepo inakhala dzina langa. Anandisecha akazi awiri. Za kusechako ndingonena kuti anavala magolovesi ndipo anapepesa.

Eni malowo sankawatcha ndende. Ife sitinali akaidi, tinali okhalamo. Koma ankatiwerenga katatu patsiku, ndipo kuchokera pachipinda changa kukafika kodyera panali zitseko zisanu ndi chimodzi, chilichonse ndi kiyi yake. Wakuba akamalowa m'ndende amauzidwa tsiku lotuluka. Ife sitinauzidwe, ndipo panali ena amene anali atatha chaka akudikira.

Anandiika ndi amayi ena a ku Chipata, achikulire kwa ine, amene anakhala zaka zambiri akukolopa m'maofesi ku Derby. Anandipeza ndikulira nditakhala pabedi ndi jasi yomweyo.

"Imwe a sisi, osalila," anatero. "Muno tilila pa Sande chabe, masiku ena tisunga mphamvu. Mwachita chani imwe?"

"Ndinadyetsa munthu phala."

"Iyee, mulandu ukulu uyo," anatero, n'kuseka mpaka kugwira pamimba. Nane ndinaseka, ngakhale zinkandiwawa. Anandipatsa mswachi wawo wosungira, ndipo kuyambira tsiku limenelo ankandidzutsa kuti ndimwe mankhwala.

Tsiku lachinayi mlonda wina anandifunsa ngati ndikufuna ntchito ya m'khitchini, yogawa chakudya cha m'mawa. Ndinaganiza kuti akundinyoza. Sankanyoza, anali ndi fomu m'manja. Ndinamufunsa kuti zitheka bwanji, poti chimene anandimangira n'chomwecho. Anati m'kati muno n'zololedwa. Ndinakana mwaukali, ndipo ndinakhala masiku atatu ndikukana. Kenako manja anandivuta kukhala chabe, ndinakasaina, anandipatsa epuloni ndi chipande. M'mawa uliwonse seveni koloko ndinkagawa phala kwa akazi ambirimbiri, ndikudziwa kuti ku Stoneygate mbale imodzi ikuzizira patebulo.

Alonda ndinkawayang'anitsitsa, ndipo Dona sananame. Palibe ankakuwa. Panali mayi wina wonenepa, makiyi ali pa tcheni m'chiuno, amene ankatitcha tonse okondedwa. Pa nthawi yowerenga ankangotsegula chitseko, kuyang'ana pamphumi, kuchonga papepala, n'kunena zikomo. Sanali munthu woipa, tsiku lina anandibweretsera bulangete lachiwiri osamupempha. Koma sankagogoda. Sabata yachiwiri ndinangodzipeza kuti ndikamva makiyi m'khonde ndatembenukira kale kukhoma.

Anatipatsa timafoni topanda kamera, ndipo ndi kangako ndinkalankhula ndi mwana wa Dona. Tsiku lachitatu anati amwako tiyi pang'ono. Tsiku lachisanu ndi chinayi anati wayesa kugogoda yekha n'kunena mawu aja, koma mayi ake anakuwa kuti bambo ameneyu achoke. Ndiye tinapangana zoti iye agogode, ine ndinene mawuwo pafoni. Ndinaima pakona pa khonde, kumene netiweki inkagwira, n'kuwanena mokweza, akazi odutsa akundiyang'ana ngati wapenga. Iye anati mayi ake anadzutsa mutu n'kuyang'ana kuchitseko nthawi yaitali. Ataona kuti walowa ndi iye yekha, foni ili m'manja, anatseka maso.

Tsiku la 16 Dona anagwa m'bafa, ndipo anathamangira nawo kuchipatala. Atatuluka sanabwererenso kunyumba kwawo, anawapititsa kunyumba yosungira okalamba ku Oadby. Mwana wawo anati mphete yaukwati yayamba kuvuka yokha pachala.

Mwana wanga wamkazi wa ku Blantyre anandiimbira sabata yomweyo. Sanandinyengerere. "Mami, mzungu ameneyo ndi ndani wanu? Zaka zonsezi mwavutikira mapepala, mwazitaya chifukwa cha phala?" Ndinakwiya naye chifukwa ankanena zoona, ndipo ndinakwiyanso ndi Dona, nkhalamba yosadziwa n'komwe kuti ndili kuti. Koma mkwiyowo ukatha nkhawa inali yomweyo, yoti amwalira atayang'ana kukhoma, akuganiza kuti anthu aja anapambana.

Tsiku la 23 anandiitanira ku ofesi. Mayi wa makiyi uja anandipatsa envelopu. "Nkhani yabwino, wokondedwa," anatero, "mukupita kwanu." Inali kalata ya ndege, yonyamuka pakatha masiku khumi. Kwathu ndimakukonda, ndipo pali masiku ambiri ku Highfields amene ndinkalira kulakalaka kwathu. Koma sindinaganizepo kuti mawu akuti kwanu angandiopse chonchija.

Amayi a ku Chipata anawatenga Lachiwiri la pambuyo pa Pasaka, m'mawa tisanadye. Anabwera asanu. Ine anandiuza kuti ndikadikire m'khonde, ndipo ndinakadikira. Ndinamva akuimba nyimbo ya kutchalitchi, kenako sindinamvenso. Nditabwerera ndinapeza nsapato yawo imodzi pansi pa bedi. Ndinakaipereka ku ofesi, ndipo anandilembera lisiti.

Loya anaimitsa ndege yanga kutatsala masiku awiri, ndipo pa tsiku la 38 khoti linamva pempho langa la belo. Sanandipititse kukhoti. Ndinakhala m'kachipinda ndikuyang'ana woweruza pa kanema, mawu akudukaduka. Woimira boma anawerenga masamba anga aja, tsiku ndi tsiku, mpaka anafika pa jasi. Ndinaweramitsa mutu.

Kenako ndinaona mwana wa Dona ataimirira. Anali atabwera kudzandiimira ngati mboni, ndipo m'manja mwake munali buku lenileni la pakhitchini lija. Anapempha woweruza kuti asawerenge masamba anga okha, awerengenso otsatira, kuyambira Lachiwiri limene ananditenga. Ine sindinkatha kuona, koma loya anandiuza pambuyo pake zimene zinalembedwamo. Dzanja linali losiyana tsiku lililonse, koma mawu anali amodzi. Akana kudya. Akana kudya. Amwa madzi pang'ono. Akana kudya. Woweruzayo, mayi wa imvi, anatembenuza masambawo nthawi yaitali, ndipo palibe anamusokoneza.

Anandipatsa belo. Anati mlandu wanga sunathe, ndizikasaina milungu iwiri iliyonse, ndipo ndisagwire ntchito iliyonse, yolipidwa kapena yosalipidwa. Mawu omalizawa anawabwereza kawiri, akundiyang'ana m'maso, osati pamphumi.

Ndinatuluka mawa lake, Lachisanu, tsiku la 39. Anandibwezera pulasitiki ija, lipisitiki ili momwemo, n'kundipatsa tikiti ya sitima. Mayi wa makiyi ananditsegulira chitseko chomaliza n'kunena kuti ndidzisamalire. Ndinamuyankha kuti zikomo, ndipo mpaka lero ndimadzikwiyira nazo. Ndili m'sitima loya anaimba.

"Mayi, ndikudziwa kumene mukupita mawa," anatero. "Sindingakuletseni kuzonda munthu. Koma pitani ngati mlendo. Osagwira supuni, osagwira kapu, osakonza ngakhale pilo. Akakupezaninso nazo sindidzatha kukutulutsani."

Loweruka ndinakwera basi yoyamba ya ku Oadby. Pakhomo ndinasaina buku la alendo, poti mlendo ndiye ndinali. Namwino wa m'chigawo cha Dona anali mayi wa msinkhu wanga, ndipo atangoona dzina langa anasiya Chingerezi.

"Ndinu aja a phala?" anafunsa. Anali wa ku Dedza. "Nkhani yanu tinaimva kutchalitchi, achemwali. Pepani kwambiri. Amayiwa atisowetsa mtendere, tayesa zonse, akungomwa timadzi basi. Adokotala akuti mwina sabata ino."

Anatenga thireyi ya phala ndi tiyi, n'kunditsogolera. Anakaiika pakatebulo ka pambali pa bedi, n'kutuluka. Atafika pamene ndinaima anayang'ana wotchi yake.

"Shifiti ya lero ndi yothina, tili awiri okha pa fulo yonse. Ndikuyamba raundi ya mankhwala. Ndibwera ikakwana eyiti kudzawadyetsa ndekha, mwamva? Ndekha."

"Ndamva," ndinatero.

Zitseko za m'nyumba imeneyo zimakhala zotsegula masana onse kuti anamwino aziona odwala podutsa. Ndinasuzumira. Pabedi panali kamunthu kakang'ono, katatembenukira kukhoma, tsitsi loyera lili nyankhalala. Ndinakoka chitsekocho n'kuchitseka, ine ndili kunja. Ndinapinda chala. Kugogoda koyamba sikunamveke, ndinachita kuyambiranso. Katatu. Kenako mawu aja.

Kunali zii. Ndinamva wailesi ya m'chipinda china, ndinamva matayala a tebulo la mankhwala akupita kutali. Pakamwa panga panayabwa kuti ndibwereze, ndiwatchule dzina, ndiwauze kuti ndine. Ulendo uno ndinatseka pakamwa n'kudikira.

Mawu anabwera otsika, okhakhala ngati a munthu amene wadzuka ndi chifuwa. Linali liwu limodzi la Chijeremani limene ndinkalidziwa bwino, lakuti lowa.

Anali atatembenuka. Nkhope inali itatha, koma maso anali omwe aja a pazithunzi. Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, n'kuyamba kundikalipira m'chinenero chawo. Pa zonsezo ndinatolapo liwu limodzi lokha, lakuti ndachedwa. Ndinavomera kuti ndachedwadi. M'chipindamo munalibe galasi, ndiye ndinatulutsa kanga ka m'chikwama, pamodzi ndi lipisitiki ija imene inakhala masiku 39 m'pulasitiki. Anaitambasulira dzanja okha.

Zimene zinachitika m'chipindamo mu ola limenelo sindilemba. Kulemba ndinaphunzira mtengo wake. Itakwana eyiti namwino uja anagogoda, ngakhale palibe anamuuza kuti azigogoda. Anandipeza nditakhala pampando wa alendo, manja ali pamiyendo. Anayang'ana mbale, anayang'ana milomo yofiira ya Dona, n'kutulutsa buku lake. Analemba, n'kusaina dzina lake.

"Nthawi ya alendo yatha," anatero. "Mawa seveni?"

"Seveni."

Dona sanamwalire sabata imeneyo. Anakhala milungu ina itatu, n'kupita m'mawa wina wa mu Meyi, lipisitiki ili pamilomo. Pamwambo wa maliro mwana wawo anaonetsa zidutswa za mafilimu awo. Ndinaona mtsikana wa khosi lalitali uja akuyenda ndi kuseka, ndipo ndinanyadira ngati ndi m'bale wanga. Koma itafika filimu ya Chingerezi, iwo atavala yunifolomu ya mlonda, akuyenda m'khonde makiyi akulira m'chiuno, ndinadzuka n'kutuluka panja. Anali katswiri Dona. Makiyiwo ankawagwira ndendende.

Pamene ndikulemba izi chaka cha 2019 chikutha, ndipo mlandu wanga udakalipo. Milungu iwiri iliyonse ndimakasaina, nditanyamula mswachi ndi mankhwala m'chikwama, chifukwa ena amapita kokasaina osabwerako. Anthu akutchalitchi amati tithokoze kuti ndili mfulu, ndipo ndimathokozadi. Ndimagona m'chipinda chimene munthu amayamba wagogoda asanalowe, ndipo chimenechi sindichiyesanso chaching'ono. Koma wina akagogoda mwamphamvu ndimawerengabe, ndipo mtima sukhazikika mpaka nditaona nkhope yake.

Ufulu umene ndinatuluka nawo ndi woti ndikhoza kuzonda wodwala aliyense, bola dzina langa lisaoneke pafupi ndi mbale yake. M'buku la nyumba ya ku Oadby ija munalembedwa kuti kwa milungu itatu yomaliza Dona ankadya m'mawa uliwonse. Dzanja lolemba ndi la namwino wa ku Dedza, ndipo aliyense wondifunsa ndimamuuza kuti ine ndinali mlendo chabe.